Tikanamanga chipinda choimitsa nthawi, chikanativuta pati?

Mawu amene analankhulidwa pa msonkhano wa anthu a m'dera ku Ndirande, mumzinda wa Blantyre. Olankhula anali mphunzitsi wa sayansi ndi mmisiri wokonza mafiriji.

MPHUNZITSI: Zikomo amfumu, zikomo a komiti, amayi ndi abambo. Achinyamata mwakhala kumbuyoko, sunthirani kutsogolo kuno, chifukwa pali manambala amene ndilembe pabolodi ndipo ndikufuna muwaone bwino.

Ndinene poyambirira kuti nkhani ya lero ndi yongoyerekeza. Padziko pano palibe malo amene nthawi inaima, palibenso makina oimitsira nthawi. Koma akatswiri a sayansi ali ndi kaphunziridwe kena: amamanga chinthu chosatheka m'maganizo, kenako n'kuchiyesa ndi malamulo enieni a chilengedwe kuti aone pamene chiphwasukire. Ifenso lero timanga chipinda choimitsa nthawi. Tinene kuti ndi cha mamita 3 mulitali ndi mamita 3 mulifupi, chaima pabwalo panjapa. Amayi a geni ya tomato angachifune, chifukwa dengu lolowa lero lingatuluke mwezi wamawa lili chimodzimodzi. Achipatala angachifunenso, kuti wodwala mwakayakaya adikiriremo mpaka magazi kapena mankhwala atapezeka. Cholinga n'chabwino ndithu. Tiyeni tione ngati chingagwire.

Ntchito yoyamba ndi muyeso. Wotchi yapakhoma ikaima chifukwa batire latha, mthunzi panja ukusunthabe, mwana akukulabe. Nthawi timaiyeza powerenga chinthu chobwerezabwereza: kutuluka kwa dzuwa, kugunda kwa mtima, kapena kunjenjemera kwa kamwala ka quartz kamene kali m'wotchi yapamkono, komwe kumachitika maulendo 32,768 pa sekondi. Muyeso umene mayiko anagwirizana mu 1967 ndi wa atomu, kutanthauza kachidutswa kochepetsetsa, ya chitsulo china chotchedwa cesium: mafunde ake akakwana 9,192,631,770, ndiye kuti sekondi imodzi yatha. Choncho tikati nthawi yachedwa m'chipinda chathu, tikunena kuti zonse zachedwa pamodzi ndiponso mofanana: wotchi, mtima, mpweya, kuola kwa tomato, ngakhale maganizo a munthu.

Apa tigwirane bwino, chifukwa ambiri amasokonezeka pomwepa. Munthu amene ali mkatimo sangamve kuti chinachake chasintha. Wotchi yake yachedwa, inde, koma maso ake oonera wotchiyo achedwanso, ubongo wake wowerenga masekondi wachedwanso. Kwa iye zonse zili bwinobwino. Kuchedwa kwa nthawi kumaoneka pokhapokha pali mawotchi awiri, ina mkati ina kunja, n'kuwayerekeza. Ndiye tikhale ndi nambala imodzi, ndiitcha nambala yochedwera. Ikakhala 2, kunja kukadutsa maola 2 mkati mwadutsa ola limodzi. Ikakhala 10, masiku 10 kunja ndi tsiku limodzi mkati. Ikakhala 1,000, munthu wogona mkatimo maola 9 amadzuka kunja kutadutsa chaka. Kuima kotheratu ndi pamene nambalayi yakula mopanda polekezera.

Tisanamange, mudziwe kuti kuchedwa kwa nthawi pakokha si nthano. Albert Einstein anafotokoza mu 1905 kuti chinthu chothamanga kwambiri nthawi yake imachedwa, ndipo mu 1915 anamaliza chiphunzitso chosonyeza kuti pafupi ndi chinthu cholemera nthawi imachedwanso. Zonse ziwiri zinayezedwa. Mu 1971 Joseph Hafele ndi Richard Keating anakweza mawotchi anayi a cesium m'ndege wamba zonyamula anthu, n'kuzungulira nawo dziko. Ataulukira kum'mawa, mawotchiwo anatsalira ndi ma nanosecond 59 poyerekeza ndi amene anatsala pansi. Ataulukira kumadzulo, anatsogola ndi ma nanosecond 273. Nanosecond ndi gawo limodzi mwa magawo biliyoni a sekondi, ndipo microsecond, imene nditchule posachedwa, ndi gawo limodzi mwa magawo miliyoni.

Foni imene ili m'thumba mwanu imadalira nkhani yomweyi. Masetilaiti a GPS, amene amathandiza foni kudziwa malo amene ili, amauluka pamtunda wa makilomita pafupifupi 20,200 kuchokera pansi, pa liwiro la makilomita pafupifupi 14,000 pa ola. Liwirolo limachedwetsa mawotchi awo ndi ma microsecond 7 patsiku. Koma popeza ali kutali ndi dziko, kumene kukoka kwa dziko n'kochepa, mawotchiwo amafulumira ndi ma microsecond 45. Chotsani 7 pa 45, atsala 38. Zikuoneka zochepa, koma kuwala kumayenda makilomita pafupifupi 300,000 pa sekondi, ndipo GPS imayeza mtunda powerenga nthawi imene uthenga wayenda. Akanapanda kukonza, mtunda woyezedwawo ukanalakwika ndi makilomita oposa 10 tsiku lililonse. N'chifukwa chake mawotchiwo amawatchera mochedwerako dala asanawatumize kumwamba.

Ngakhale kwathu kuno zikuchitika. Blantyre ali pamtunda wa mamita pafupifupi 1,000 kuchokera pamwamba pa nyanja yamchere, pamene nsonga ya Sapitwa paphiri la Mulanje ili pa mamita 3,002. Wotchi yokhala pa Sapitwa imatsogola ya muno m'tauni ndi ma microsecond pafupifupi 7 pachaka. Ya ku Nsanje, kumene n'kotsika, imatsalira kumbuyo kwa yathu. Mu 2010 akatswiri a ku America anakweza wotchi imodzi ndi masentimita 33 okha, kusiyanako n'kuoneka. Nambala iyi muisunge, tiifunanso: mita imodzi iliyonse yokwera imasintha kayendedwe ka nthawi ndi gawo limodzi mwa 1 wotsatidwa ndi maziro 16.

Tsopano timange. Chipinda chathu chili ndi mkati, chili ndi malire pamene nthawi yochedwa ikumana ndi nthawi yathu, chili ndi khomo, ndiponso switchi. Mkati simuvuta konse. Mavuto onse ali pamalire.

Za switchi n'zachidule. Iyenera kukhala kunja. Mukaiika mkati, nthawi n'kuima, palibe chala chimene chidzaifikire mpaka kalekale. Ndiye wolowamo aliyense wapereka moyo wake m'manja mwa mlonda wakunja, komanso m'manja mwa amene adzalowe m'malo mwa mlondayo akadzakalamba. Wodwalayo sangathenso kuitana. Mawu a bambo wamkulu amanjenjemera maulendo pafupifupi 120 pa sekondi. Pa nambala 10 amatuluka ali 12 pa sekondi, pamene khutu la munthu silimva chilichonse chochepera 20. Afuule chotani, kunja kuli zii. Magetsi nawo ndi chimodzimodzi: athu amasinthasintha maulendo 50 pa sekondi, ndiye waya wolowa mkatimo ukafikitsa 500, ndipo injini yopangidwira 50 siingayende nawo.

Kuwala ndiye kumafuna tikhalepo pang'ono. Kuwala ndi mafunde, ndipo mtundu umene diso limaona umadalira kuchuluka kwa mafunde ofika pa sekondi. Kufiira kuli ndi ochepa, pepo ali ndi ambiri, koma a pepo sakwana kuwirikiza kawiri a kufiira. Kagawo kamene timaona ndi kakang'ono chotero. Tsono munthu wa mkati, pa nambala 2, m'sekondi yake imodzi amalandira mafunde a masekondi awiri akunja. Kuwala konse kumene ife timaona kumamufika kutasanduka ultraviolet, kuja kumene kumapweteka maso a munthu woyang'ana moto wa owotcherera zitsulo popanda magalasi. Pa nambala 1,000, dzuwa wamba la masana limamufika ngati X-ray. Kunjaku zimachitika mosemphana. Babu loyaka mkatimo ife tiliona likufiira, likuzilala, kenako osaonekanso ngakhale likuyakabe. Kuwala kochokera kunja kukalowa kumachedwa kubwerera, ndipo nthawi ikaima kotheratu sikubwereranso. Choncho malo oima nthawi simungaonemo munthu atauma ngati chiboliboli. Mungaone mdima wa bii, wakuda kuposa makala.

Nanga kuwala kolowa kosatulukako kukupita kuti? Kukuunjikana pamalire. Tiwerengere m'mayunitsi a magetsi amene timagula aja. Kuno dzuwa limathira mayunitsi pafupifupi 5 patsiku pa malo a mita imodzi mulitali ndi mulifupi. Denga la chipinda chathu lili ndi malo otere 9, ndiye mayunitsi 45 patsiku, oposa 16,000 pachaka. Kuwiritsa chigubu cha madzi cha malita 20 kumadya mayunitsi osakwana 2. Ndiye kuti pakutha chaka, padengapo padikira moto wokwana kuwiritsa zigubu zoposa 8,000, ndipo mlonda akadina switchi motowo umasuka wonse m'kuphethira kwa diso. Tomato uja, wodwala uja, ngakhale mlondayo, palibe chotsala.

Mwina wina ati tichimange pamthunzi, kapena pansi panthaka. Sizithandiza, chifukwa chinthu chilichonse chofunda chimatulutsa kutentha, khoma ndi dothi lomwe. Richard Tolman anawerengera mu 1930 kuti malo awiri amene nthawi ikuyenda mosiyana akasiyidwa kuti kutentha kwawo kukhazikike, mbali yochedwayo imatentha kuposa inzake molingana ndi nambala yochedwera. Powerengera apa timagwiritsa ntchito muyeso wa kelvin, umene timaupeza powonjezera 273 pa madigiri athu. Tsiku lofunda la mu Okutobala, madigiri 27, ndi 300. Pa nambala 2 mkati mufika 600. Chotsani 273, mupeza madigiri 327, pamene mtovu umasungunukira. Taonani, sitinafike n'komwe pa kuimitsa nthawi, tangoichedwetsa ndi theka, koma chosungira chathu chasanduka uvuni.

Ndiye womanga wanzeru ayenera kusintha pulani. Malire akhale obweza chilichonse, kuwala, kutentha, mpweya, phokoso. Chipinda chotero kunja chingaoneke ngati galasi loonera nkhope mbali zonse, ndipo malirewo ayenera kuzungulira ndi pansi pomwe, osasiya mpata wa paipi kapena waya.

MAYI WINA: Aphunzitsi, nanga wodwalayo alowa bwanji ngati paliponse patsekedwa?

MPHUNZITSI: Funso labwino, mayi. Tiyerekeze kuti tasiya khomo lotsegula, nambala ili pa 10. Mtima umapopa malita pafupifupi 5 a magazi pa mphindi. Dzanja lokha likalowa, magazi amayenda mochedwa m'dzanjamo, koma dzanjalo likufunanso magazi ochepa chifukwa nalo lachedwa, ndiye palibe choopsa kwenikweni. Choopsa chili pamene mtima uli mkati koma mutu uli kunja. Ubongo ukufuna magazi ake onse pa nthawi yathu, mtima ukupereka gawo limodzi mwa magawo 10. Munthu amakomoka pakangotha masekondi pafupifupi 10, ndipo pakadutsa mphindi 4 mpaka 6 ubongo umayamba kuwonongeka. Lamulo la pakhomo likanakhala lakuti wodwala alowe atagona pa machira, mutu kutsogolo, ndipo potuluka ayambe miyendo, mutu pomalizira. Pa nambala 1,000 ngakhale lamuloli silithandiza. Munthu woyenda mita imodzi ndi theka pa sekondi, mbali ya thupi yolowa imayamba kuyenda milimita imodzi ndi theka pa sekondi, yakumbuyo ikubwerabe ndi liwiro lake. N'chimodzimodzi kugunda khoma la simenti. Njira yokhayo ndi kulowetsa munthu chipinda chili chozima, kutseka, kenako kuyatsa paliponse nthawi imodzi.

Palinso funso limene omanga ambiri a m'maganizo amaliiwala: chaima poyerekeza ndi chiyani? Dziko likuzungulira, ndipo muno mu Blantyre likutinyamula pa liwiro la makilomita pafupifupi 1,600 pa ola. Likuzunguliranso dzuwa pa makilomita 30 pa sekondi. Ngati za m'chipindamo sizingasunthe konse, dziko lizisiya m'mbuyo, ndipo pakutha sekondi imodzi chipindacho chili makilomita 30 kuchokera pamene tinachimanga, chitaboola chilichonse chimene chinali panjira yake.

Zonsezi ndakamba ngati kuti malire ndi chinsalu chopachika, chongolekanitsa nthawi ziwiri popanda kuchita kanthu. Apa ndi pamene pali nkhani yaikulu ya lero. Malinga ndi Einstein, paliponse pamene nthawi ikuyenda mosiyana pakati pa malo awiri oyandikana, zinthu zimakokeredwa kumbali yochedwayo. Kukoka kwa dziko kumene kumagwetsa mango mumtengo ndi komweko. Bango ligwa pansi chifukwa kumunsi nthawi ikuchedwa pang'ono kuposa kunthambi. Mukukumbuka nambala ija ndinati muisunge? Kusiyana kwa gawo limodzi mwa 1 wa maziro 16 pa mita imodzi ndi kumene kukutipatsa kulemera konse kumene tikumva pamipandopa.

Tsono tiyese kupempha zochepa kwambiri. Tisaimitse nthawi, tingofuna kuti wotchi ya mkati izitsalira ndi sekondi imodzi yokha patsiku, ndipo malire akhale okhuthala mita imodzi. Tsiku lili ndi masekondi 86,400. Mukagawa, mupeza kuti kukoka pamalirepo kuposa kwa dziko maulendo pafupifupi mabiliyoni 100. Supuni ya shuga ya magalamu 5 ingalemere matani 500,000. Palibe chitsulo, palibe mwala, umene ungapirire pamenepo. Mungati tiwatambasule malirewo kuti kukoka kukhale kofatsa ngati kwa dziko. Zingatheke papepala, koma kuti mufike pa nambala 2 malirewo atalike mtunda umene kuwala kumayenda miyezi 8. Kumbukirani kuti kuchoka kudzuwa kufika kuno kuwala kumatenga mphindi 8 ndi masekondi 20 basi. Ine ndimaona kuti apa ndi pamene chipinda chathu chagwera, ndipo sichingadzukenso. Mavuto ena aja womanga angawazembe ndi nzeru, koma ili ayi, chifukwa kusiyana kwa nthawi ndi kukoka ndi chinthu chimodzi.

MNYAMATA WINA: Koma aphunzitsi, timamva kuti pa black hole nthawi imaima. Si malo amenewo?

MPHUNZITSI: Ndi malo oyandikira kwambiri ku zimene tikukambazi, achimwene, ndipo alipodi. Karl Schwarzschild anapeza masamu ake mu 1916. Chinthu chilichonse chikapanikizidwa mokwanira chimakhala ndi malire amene ngakhale kuwala sikungatulukemo, ndipo chimenecho ndicho black hole. Dzuwa lathu likanapanikizidwa chotero likanakhala mpira wa makilomita 6 kuchoka mbali ina kufika ina, wosakwana mtunda wochoka m'tauni kupita ku Limbe. Dziko lathu lonse likanachepera masentimita 2. Pakati pa mlalang'amba wathu, gulu lalikulu la nyenyezi limene muli dzuwa lathu, pali black hole yotchedwa Sagittarius A*, yolemera ngati madzuwa pafupifupi mamiliyoni 4, ndipo Reinhard Genzel ndi Andrea Ghez analandira mphoto ya Nobel mu 2020 chifukwa chotsata nyenyezi zoizungulira kwa zaka zambiri. Chithunzi choyamba cha black hole chinatuluka pa 10 Epulo 2019. Chinali cha ya mu mlalang'amba wa M87, yolemera ngati madzuwa mabiliyoni 6.5.

Nambala yochedwera kumeneko imawerengeka bwinobwino. Mukaima pa bwalo loposa malire ake ndi gawo limodzi mwa magawo atatu, nambala ndi 2. Bwalo likaposa malire ndi 1 pa 100, nambala ndi 10. Likaposa ndi 1 pa 10,000, nambala ndi 100. Pamalire penipeni nambala ilibe polekezera. Koma mawu akuti mukaima ndi amene ali ndi vuto. Kuti muime pamenepo osagwa pafunika injini yokankhira kunja, ndipo mphamvu yofunikayo imakulanso mopanda polekezera mukamayandikira. Pamalire penipeni palibe chingaime.

Ndiye pali anthu awiri ndi nkhani ziwiri, zonse zoona. Woonera patali amaona mnzake wogwayo akuchedwa, akufiira, akuzilala mpaka kusowa, osamuona akudutsa malire. Wogwayo wotchi yake ikugunda monga mwa masiku onse, ndipo amadutsa popanda chikwangwani chomuuza kuti wadutsa. Ikakhala black hole yaing'ono, ya madzuwa 10, sangafike n'komwe ali wamoyo, chifukwa miyendo imakokedwa kwambiri kuposa mutu ndipo thupi limaduka akadali makilomita mazana angapo kutali. Ikakhala yaikulu ngati Sagittarius A*, amadutsa ali bwino, koma kuchoka pamalire kufika pakati kumamutengera pafupifupi mphindi imodzi basi pa wotchi yake. Ngakhale kumeneko, palibe munthu amene nthawi yake imamuimira.

BAMBO WINA: Ndiye firiji imachita chiyani? Paja nyama imakhalamo miyezi osaola.

MPHUNZITSI: Limenelo ayankhe amisiri, ndi ntchito yawo.

MMISIRI: Zikomo aphunzitsi, zikomo bambo. Firiji siikhudza nthawi. Ikani wotchi m'menemo, ituluka ikugwirizana ndi yapakhoma. Chimene firiji imachedwetsa ndi ntchito ya tizilombo ndi kusintha kwa zinthu m'chakudya. Pamalo ofunda, tizilombo tina timawirikiza kawiri pa mphindi 20 zilizonse. Kamodzi kangathe kusanduka oposa mamiliyoni 2 pa maola 7. Mukatsitsa kutentha ndi madigiri 10, kusintha kwa zinthu zambiri kumachepa pafupifupi ndi theka. N'chifukwa chake firiji iyenera kukhala pa madigiri 5 kapena kutsikirapo pang'ono, ndipo mbali youmitsa ikhale pa madigiri 18 pansi pa ziro. Katemera wambiri amasungidwa pakati pa madigiri 2 ndi 8, ndipo wina akauma ndi chisanu amawonongeka.

Kuzizira sikukomera chilichonse. Nthochi zikakhala pansi pa madigiri 13 zimada khungu. Tomato wosapsa akazizira kwambiri sapsanso bwino, amafewa ndi kutaya kukoma, ndiye amayi a geni musamuike m'firiji akadali wobiriwira. Madzi akauma amafufuma ndi 9 pa 100, ndipo timiyala ta ayezi timaboola tizigawo ting'onoting'ono ta thupi. Nyama yosungunulidwa imachucha madzi pa chifukwa chimenechi, ndipo n'chifukwa chakenso munthu sangaumitsidwe n'kudzuka. Zimene zimatheka ndi zinthu zazing'ono kwambiri. Umuna wa ng'ombe zamkaka umasakanizidwa ndi glycerol woteteza ku ayezi, n'kusungidwa mu nitrogen wamadzi pa madigiri 196 pansi pa ziro, ndipo umakhala zaka. Pali ana amene anabadwa kuchokera ku mazira okumana kale ndi umuna amene anasungidwa motero zaka 30. Kuzizira kuli ndi pothera pake, madigiri 273.15 pansi pa ziro, ndipo palibe makina angafike penipenipo. Ngakhale pafupi ndi pamenepo, maatomu amene amaphwasuka okha, monga mtundu wina wa potaziyamu wopezeka m'nthochi, amaphwasukabe pa liwiro lawo lomwelo.

Pa chimanga njira ndi ina, kuchotsa madzi ndi mpweya. Chiume mpaka chinyezi chitsike kufika pa 13 pa 100. Poyesa, tengani botolo lagalasi louma, thiranimo chimanga chodzaza dzanja ndi mchere wouma, tsekani, khutchumulani, dikirani pang'ono. Mchere ukamatirira m'mbali mwa botolo, chimangacho chibwerere padzuwa. Chikauma, thirani m'thumba la PICS, limene lili ndi mapulasitiki awiri mkati ndi saka kunja. Finyani mpweya, mangani pulasitiki yoyamba payokha, yachiwiri payokha, saka pomalizira. Anankafumbwe amene analowa ndi chimangacho amamaliza mpweya wotsalawo n'kufa. Zimalakwika pakakhala kabowo, kaya ka khoswe kaya ka chitsotso, kapena mukamatsegulatsegula thumba kutapa chimanga cha kuchigayo. Chimanga cha mwezi uno chikhale m'thumba lina. Chikalowa chonyowa chimachita chuku, ndipo chukucho ndi poizoni ku chiwindi. Thumba lisakhudze pansi kapena khoma, liikeni pa matabwa.

Opanda magetsi angagwiritse ntchito mbiya ziwiri zadothi zosapaka utoto, yaing'ono mkati mwa yaikulu, pakati pake mchenga wa kumtsinje. Nyowetsani mchengawo m'mawa ndi madzulo, phimbani ndi nsalu yonyowa, ikani pamthunzi podutsa mphepo. Madzi akamauluka amatenga kutentha. Zimagwira bwino m'miyezi youma yotentha, Seputembala mpaka mvula isanayambe. M'dzinja mpweya umakhala wodzaza kale chinyezi, ndiye mbiyazo sizizizira kwenikweni. Ndi za masamba ndi zipatso, nyama kapena nsomba yaiwisi ayi.

Pa firiji, chimene chimayamba kufooka kawirikawiri ndi labala ya pachitseko. Panikizani pepala pachitseko n'kulikoka. Likatuluka mosavuta, labalayo yatha, mpweya wofunda ukulowa, injini ikungolira osapuma ndipo mayunitsi akutha. Kumbuyo kwa firiji siyani mpata wokwana chikhatho kuti kutentha kutuluke, ndipo ayezi akakhuthala kufika theka la sentimita musungunuleni, osamukolopola ndi mpeni chifukwa muboola paipi ya gasi.

MAYI WINA: Nanga magetsi akazima, chakudya chingakhale nthawi yaitali bwanji?

MMISIRI: Ngati simukutsegula, mayi, firiji imasunga kuzizira maola pafupifupi 4. Youmitsa ikakhala yodzaza imafika maola 48, ikakhala theka maola 24. Choncho mipata yopanda kanthu idzazeni ndi mabotolo a madzi, osadzaza mpaka pakamwa kuti asaphulike akauma. Magetsi akazima, tengani mabotolo awiri kapena atatu oumawo muike pashelefu yapamwamba ya firiji, tsekani, ndipo muwauze ana kuti asatsegule. Nyama imene yasungunuka koma ikadali ndi ayezi mkati mungaiumitsenso. Imene yafunda kwa maola oposa 2 itayeni, ngakhale isakununkha, chifukwa tizilombo tina timasiya poizoni amene moto suupha.